Mtengwa Sagwetsa Mlamu Wake

Nkhaniyo anamuuza ali chiimire, tipoti ali m'manja. Pakhomo pa a Chori, apongozi ake aamuna, nkhani zikuluzikulu zonse zinkamupeza Sanobar choncho, eni nyumba atakhala pansi pa mpesa, iye akuthira tiyi.

"Kelin," anatero apongozi ake aakazi, a Holbuvi, pomuitana monga amaitanira mtengwa kumeneko, maso ali pa buledi amene ankanyema, "Loweruka ku Tashkent mukakumana pomaliza, ukampatse njira mlamu wako."

Sanobar anamaliza kuthira. Anapereka kambale ka tiyi ndi dzanja lamanja, lamanzere lili pachifuwa, monga mtengwa amachitira. Tiyi sanatayike ngakhale dontho.

"Njira yanji, Mayi?"

"Usandifunse ngati sunabadwire kuno. Ukagwe basi. Mtengwa sagwetsa mlongo wa mwamuna wake pamaso pa anthu. Zinachitikapo kuti zimenezo?"

Malo anali amodzi. Ku mpikisano wa judo wa dziko lonse, dziko lililonse linkatumiza munthu mmodzi pa sikelo iliyonse, ndiko kuti gulu la olemera mofanana, ndipo chaka chimenecho mpikisanowo unali ku Cairo. Ukauphonya, dikira zaka ziwiri. Wopambana Loweruka ndiye akakwere ndege. Pa sikelo ya Sanobar panalinso Iroda, mlongo wa mwamuna wake, amene pa nthawiyo anali atakhala pafupi ndi bambo ake, akudya mphesa imodziimodzi ngati nkhaniyo ikunena za anthu a mudzi wina.

A Chori anatsokomola. Akatsokomola choncho aliyense ankadziwa kuti nkhani ya nthawi yawo yayamba. Anali polvon, katswiri wa zogwetsana, wotchuka kwawo ku Denov konse, wogwetsa amuna m'maphwando a ukwati n'kubwera kunyumba akukoka nkhosa, mwina ng'ombe. Boma la Soviet litafuna anthu a judo linatola anyamata ngati iwowo, n'kuwaveka majekete oyera. Tsopano ndiwo ankaphunzitsa onse awiri, mwana wawo ndi mtengwa wawo, m'holo yakale ya pafupi ndi fakitale ya thonje.

"Nthawi yathu ija dziko linali limodzi kuchokera kuno mpaka kunyanja zozizira," anatero. "Malo amodzi pa sikelo, dziko lonselo. Ukagwetsa wa ku Georgia, akubwera wa ku Russia. Ukagwetsa ameneyo, wina ali kale pamphasa. Chaka chimene ndinayandikira kwenikweni, akuluakulu ku Moscow anangoti kumpikisano wa ku America sitipita. Basi. Tinapachika majekete pamsomali. Akazi nthawi imeneyo anali atangoyamba kumene mpikisano wawo wa dziko lonse, ife n'kumaseka. Lero taonani, Mulungu wandipatsa mwana wamkazi woti akaponde kumene ine sindinaponde. Dzina langa likalembedwe pamsana pake. Pamsana pako, kelin, pali dzina la bambo ako."

"Bambo," anatero Sanobar, "m'mwezi wa Marichi ndinapempha kuti ndikwere sikelo ya pamwamba, tisamakumane. Munakana."

"Ndinakana, inde."

"Chifukwa?"

A Holbuvi anadzutsa mutu. Mtengwa safunsa chifukwa. Koma a Chori sanaone choipa, anayankha monyada ngati munthu woonetsa mmene wamangira khola.

"Elvira wa ku Chirchiq uja, Iroda amamulephera. Chaka chatha anakumana pomaliza awiriwo, ndiye awaika mbali zosiyana. Iwe ndi Iroda ndinu a chigawo chimodzi, akusiyanitsaninso. Ndiye kuti Elvira agwera mbali yako. Iwe umamutha. Ukamuchotse panjira, zotsalazo n'zapabanja."

Sanobar anaika tipoti pansi mosamala kwambiri, chifukwa dzanja linkafuna kumuponya pakhoma. Ndiye kuti chiyambire Marichi iye anali khasu. Alime munda, azule chitsa, wina abwere ndi dengu.

Madzulo ake mwamuna wake Normurod anamupeza kuseri akuchapa majekete. Anali awiri, lake ndi la Iroda, chifukwa kuchapa n'kwa mtengwa. Jekete la judo likanyowa limalemera ngati mwana wa ng'ombe, ndipo kolala yake imasupula zala. Lobar, mwana wawo, anali atakhala m'beseni lopanda madzi akutafuna nsonga ya lamba.

Normurod ankayendetsa takisi chiphwanyikire bondo lake akugwetsana pa phwando lina. Anakhala pa ndowa yovundikira n'kuyamba kulankhula ndi mawu amene ankalankhulira ndi apolisi apamsewu.

"Mayi a Lobar, mumve. Ndi chaka chomaliza cha Iroda. Akangokolola thonje akukwatiwa, ndipo kwa mwamunako ananena kale kuti zogwetsana zithere pageti."

"Nanga changa si chomaliza?"

"Inu muli ndi nthawi. Zaka ziwiri si kanthu."

"Zaka ziwiri!" Sanobar anamenyetsa jekete pamwala. "Amayi anu ayamba kale kundiyang'ana pamimba m'mawa uliwonse ngati akuyang'ana mtanda wa buledi ngati wafufuma. Akufuna mwana wamwamuna. Zaka ziwiri zikubwerazi ndidzakhala ndili ndi wina kumsana, wina m'mimba. Mukudziwa, musandipusitse."

"Musakweze mawu."

"Mwana uyu ndinamuletsa kuyamwa nthawi yake isanakwane. Ndinapaka zowawa pabere langa, iye akundiyang'ana. Analira sabata yathunthu, inu munasamukira kuchipinda cha alendo kuti mugone bwino. Mkaka unandiumira m'chifuwa mpaka kutentha thupi. Ndinachita zimenezo kuti nditsike pa sikelo. Ndimadzuka kusanache, ndisese bwalo, ndiwaze madzi pamsewu, ndikame ng'ombe, ndiyatse moto, kenako ndithamange mpaka kumlatho. Pobwera mlongo wanu ali m'bulangete, ine ndimuphikire tiyi. Zonsezo kuti ndikamuchotsere Elvira?"

Normurod anayang'ana bondo lake. "Kupatsa njira si manyazi. Inenso ndinapatsapo njira akuluakulu."

"Munapatsa poyera! Pa phwando mnyamata akampatsa njira wamkulu, amagwira phewa lake, dzanja pachifuwa, wolengeza n'kufuula kuti anthu onse amve, mwana wa uje walemekeza mkulu wake. Amamuveka mkanjo. Aliyense amapita kwawo akudziwa kuti akanatha kumugwetsa. Ine mukuti ndikagwe mwakuba, oyimbira asazindikire. Kenako Denov yense azinena kuti kubereka kunamutha mphamvu mkazi wa Normurod. Mkanjo wanga uli kuti pamenepo?"

"Ku judo kulibe zimenezo. Akazindikira akuchotsani nonse awiri."

"Ndiye musabweretse za paphwando ku judo."

Normurod anaimirira, n'kunyamula Lobar m'beseni. "Mudzakhalabe m'nyumba muno Loweruka likapita," anatero motsitsa. "Ganizani zimenezo."

Sanobar anafinya jekete la Iroda mpaka zala zinachita dzanzi, n'kuliyanika bwinobwino, manja ake atatambasuka, chifukwa jekete loyanika mopinda limanunkha.

Ulendo wa ku Tashkent ndi wa tsiku lathunthu, kudutsa m'mapiri. Ananyamuka Lachisanu pa galimoto ya Normurod, a Chori kutsogolo, akazi awiri kumbuyo. Lobar anatsala m'manja mwa agogo ake pageti. A Holbuvi anagwira kadzanja ka mwanayo n'kumakagwedeza. "Tsazika amayi ako. Uwauze akakumbukire kwawo." Panjira palibe mkazi amene anadya kapena kumwa, chifukwa cha sikelo. Amuna anaima pa malo ena n'kudya nyama yootcha, fungo likulowa pawindo.

Loweruka m'mawa akazi onse anafola m'kachipinda ka sikelo atavula, atatsala ndi zamkati zokha, milomo itauma. Sanobar sankabisa mizere ya pamimba pake. Mtsikana wina wa ku Samarkand anaiyang'ana, iye n'kumuyang'ananso mpaka mtsikanayo anapeza china choyang'ana padenga.

Iroda anali kumbuyo kwake. Anamukodola n'chala m'nthiti, n'kunong'ona mosangalala. Ankamutchula kuti Yanga, monga amatchulira mkazi wa mchimwene kumeneko.

"Yanga, Bambo akuti ndidzalowe chakumanzere, pakadutsa kanthawi. Musagwe msanga, anthu angadabwe. Komanso musandigwere pamwendo, ndinu olemera ngati thumba la anyezi."

Chikwatiwire, Sanobar anali asanatchulepo dzina la mtsikanayu. Mtengwa satchula maina a kwa mwamuna. Ankamuti mlamu, ankamuti inu, ngakhale kuti ankamuposa zaka zitatu ndipo anamuphunzitsa yekha kumanga lamba kuti asamasuke.

Anatembenuka.

"Iroda."

Mtsikanayo anaphethira.

"Sindigwa. Ukumva? Ndakuuza kukadali m'mawa kuti usadzati ndinakubera. Ukabwere ndi zonse zimene uli nazo, udziteteze. Ukandigwetsa wekha ndidzakunyamulira chikwama mpaka pandege."

Iroda anaseka, koma kuseka kwake kunathera panjira. "Yanga, ndi njala imeneyo. Mukamwa madzi mutu ubwerera."

"Ndanena."

Atatuluka anamuona akuthamangira kwa bambo ake pakhonde. A Chori anamvetsera, anayang'ana Sanobar chapatali, n'kugwedeza dzanja ngati akuingitsa ntchentche. Mawu awo anamveka mpaka pamene iye anaima. "Alekeni alankhule. Kelin ndi kelin. Ikafika nthawi miyendo yake idziwa yokha."

Awiri oyamba Sanobar anawagwetsa mosavuta. Wachitatu anali Elvira, wamtali, wa manja ngati zingwe za pachitsime, amene sankalola munthu kugwira kolala yake. A Chori anakhala pampando wa mphunzitsi kumbali ya Sanobar, ndipo tsiku limenelo anaphunzitsa ngati sanaphunzitsepo. Ankaona chilichonse chisanachitike. "Mkono wamanja! Usamupatse! Zungulira, zungulira, akutopa! Tsopano mwendo!" Mawu awo ankadzaza holo yonse, ndipo zonse zimene ankanena zinali zoona. Zimenezo n'zimene zinamuwawa kwambiri Sanobar. Munthuyu ankadziwa ntchito yake. Zaka zonsezi akanatha kumamukuwira choncho, koma anasunga mawuwo kudikira tsiku loti amulimire mwana wake.

Chigongono cha Elvira chinamung'amba mlomo. Chala chapakati chinakodwa m'mkono wa jekete n'kupindikira kumbuyo, dokotala anachikoka n'kuchimanga pamodzi ndi chinzake. Nthawi itatsala pang'ono kutha, Elvira anatambasula mwendo mopitirira, Sanobar anaukolowola, mkaziyo n'kugwera chammbali. Sizinali zokongola, koma zinakwana.

A Chori anamumenya paphewa potuluka. "Wagwira ntchito, kelin. Ukapume. Zatha."

Iroda nayenso anali atadutsa mbali yake, osatuluka thukuta lambiri.

Pomaliza anawaitana dzuwa litapendeka. Iroda anavala jekete loyera, Sanobar labuluu, mtundu umene a Chori ankautukwana chiubweretsereni kuti ndi wa anthu a pa TV. A Chori anakakhala kumbali ya mwana wawo. Mpando wa kumbali ya Sanobar unali wopanda munthu. Normurod anali m'gulu la anthu, chipewa chili m'manja, akuchipotokola. Anthu a ku Denov amene ankagwira ntchito mumzinda anabwera ambiri, ndipo ankaseka. "Nkhondo ya m'khitchini!" wina anakuwa. "Wogonja atsuka mbale!"

Anaweramirana. Woyimbira anati ayambe.

Sanobar anagwira kolala ndi dzanja la chala chothyokalo, ululu unakwera mpaka m'khutu. Anamva nthawi yomweyo kuti Iroda sanamve zimene anauzidwa m'mawa. Manja ake anali ofewa. Ankavina, akukoka pang'ono, akukankha pang'ono, kuonetsa anthu kuti pali nkhondo. Sanobar anamugwedeza mwamphamvu kamodzi, mutu mpaka kugwedera, kuti adzuke. Anamumenya mwendo pakakolo, zolimba. Iroda anamuyang'ana modabwa, kenako anamutsinzinira diso limodzi, ngati akuti mukuchita bwino, Yanga, akukhulupirira.

Mkwiyo umene unamugwira Sanobar pamenepo sunali wa pa Iroda yekha. Mtsikanayu anali ndi mphamvu, anali ndi chiuno chofulumira kuposa chake, akanatha kumuvutitsa zenizeni. Koma anamulera kuti zinthu zimabwera pathireyi, wina ataweramira pansi.

A Chori anatsokomola kawiri. Iroda anatembenukira kumanzere, n'kulowetsa chiuno monga anapangana, osakoka n'komwe mkono, podziwa kuti munthu agwa yekha.

Sanobar anangosuntha phazi. Chiuno cha Iroda chinapeza mphepo, ndipo mtsikanayo anagwa chogwada, manja pamphasa.

Ku maphwando a kwawo bondo likagunda pansi nkhondo imaima, anthu amadzuka n'kuyambiranso. A Chori anakulira zimenezo ndipo sanazisiye. M'holo yawo ku Denov zolimbana pansi ankazipatsa kanthawi kochepa kothera, akunena kuti polvon sapondereza munthu amene wagwa kale, zimenezo n'za agalu. Choncho Iroda anakhala chogwadacho, msana uli poyera, akukonza tsitsi ndi dzanja limodzi, kudikira woyimbira kuti awaimitse.

Koma Sanobar asanakwatiwe anakhala zaka zitatu pasukulu ya masewero ku Termiz, kwa mayi wina wa Chikoreya amene ankawagoneka pamphasa mpaka mawondo kusupuka. Anagwera pamsana pa Iroda, analowetsa dzanja kukhwapa, anagwira lamba, n'kumugubuduza ngati mmene amatembenuzira matiresi padzuwa. Msana wa Iroda unagunda mphasa. Sanobar anamukulunga mkono m'khosi, anatsekera dzanja lake lamanja kukhwapa, anatambasula miyendo, n'kutsitsa thupi lonse pachifuwa pake.

Woyimbira anatambasula dzanja. Wotchi inayamba kuwerenga.

Kugwetsa munthu n'kwa kamphindi, umatha kunena kuti thupi linachita lokha. Kupanikiza munthu pansi n'kwina. Nthawi imayenda pang'onopang'ono, ndipo mpweya uliwonse umene ukukoka ukhoza kumusiya. Nkhope zawo zinali pafupi moti magazi a pamlomo wa Sanobar anadontha pa kolala yoyera ya Iroda.

"Yanga," ananong'ona Iroda. "Yanga, mukutani? Ndisiyeni."

"Dzichotse wekha."

"Bambo akuona!"

"Aone."

Iroda anayamba kuphiriphitha tsopano, zenizeni. Anakweza chiuno, anaponda mphasa ndi zidendene, anayesa kukola mwendo wa Sanobar ndi yake. Mphamvu zinalipo, koma sankadziwa kolowera nazo. Sanobar ankangosuntha miyendo momutsatira, mutu uli pansi.

"Kelin!" A Chori anali ataimirira, mpando utagwa kumbuyo kwawo. "Kelin! Dzuka pamenepo!" Woyimbira wa pambali anawalozera kuti akhale pansi. Anthu a ku Denov anali atasiya kuseka.

"Akundikwatitsa, Yanga," Iroda analira, mawu akutuluka movutika. "Sindidzabweranso pano. Chonde. Ndikupemphani."

Zinamulasa. Ankadziwa nyumba imene mtsikanayu ankapita, ankadziwa tsache limene linkamudikira kuseri kwa chitseko. Dzanja la chala chothyoka linayamba kumasuka lokha pa jekete. Sanobar analiyang'ana, n'kulikumbutsa sabata ija Lobar ankalira akufunafuna bere, iye atakhala pa ndowa kuseri, chifuwa chili gwa ngati miyala, akudziuza kuti pali chifukwa. Anafinyanso. Ululu wa chala unamuchititsa mdima m'maso.

"Inenso anandikwatitsa," anatero. "Palibe anandigwera."

Belu linalira.

Sanobar anadzuka, anakonza jekete, anamanga lamba. Iroda anakhala chigonere kanthawi, mkono uli pamaso, kenako anadzuka n'kukaima pamalo pake. Anaweramirana. Woyimbira anakweza dzanja kumbali ya Sanobar. Anaomba m'manja anali anthu a zigawo zina.

Mkulu wa timu ya akazi, bambo wa imvi wovala jekete la buluu wakuda, anamupeza akumasula bandeji. Anamuuza kuti kampu ya kumapiri iyamba Lolemba la sabata yotsatira, ndipo akachoka kumeneko ndi ulendo wa ku Cairo.

"Ndamva muli ndi mwana wamng'ono. Muli naye womusiyira?"

"Ndili naye," anatero Sanobar. Analibe, koma zimenezo sizinali za bamboyo.

Panja galimoto inali italira kale. A Chori anali kutsogolo, nkhope ili kumsewu. Iroda anali kumbuyo atadzikulunga mpango kumutu. Normurod anaima pa buti yotsegula, chikwama cha Sanobar chili m'manja, osadziwa ngati achilowetse kapena achitsitse.

"Chisiye pansi," anatero a Chori pawindo. "Amene wachititsa manyazi nyumba yanga sakwera galimoto imodzi ndi ine. Apite ndi a ku Cairo akewo."

Sanobar analanda chikwamacho m'manja mwa mwamuna wake, anachiponya m'buti, anatseka ndi dzanja labwinolo. Anatsegula chitseko chakumbuyo n'kukhala.

"Tuluka!"

"Mwana wanga ali kumene ikupita galimotoyi, Bambo. Mukafuna kunditulutsa, bwerani mundinyamule. Anthu a makamera sanapite."

Khosi la a Chori linafiira mpaka m'makutu. "Normurod! Mkazi wako uyu!"

Normurod analowa, anagwira chiwongolero ndi manja onse awiri. "Bambo, kukuda. Msewu wa m'mapiri ndi woipa." Anachotsa galimoto.

Anatuluka mumzinda. Atadutsa minda yoyamba ya thonje, a Chori anayambanso, osatembenuka. Anati anamutola ali kamtsikana kopanda nsapato zabwino. Anati anamulola kupitiriza masewero pamene apongozi ena akanamutsekera m'khitchini. Anati wapanikiza mwana wa eni nyumba pansi ngati nkhosa yokameta, pamaso pa anthu a kwawo, ndipo iwo sadzathanso kukhala pa phwando lililonse ku Denov.

"Bambo, khalani chete."

Sanali Sanobar. Iroda anali atachotsa mpango kumaso. Maso anali otupa.

"Wati chiyani?"

"Ndati khalani chete! Anandiuza m'mawa. Anandiuza poyera, ine ndinabwera kwa inu, inu munati kelin ndi kelin. Ndinalowa ngati chitsiru, manja lende, dziko lonse likuonera. Zaka zonsezi munandiphunzitsa chiyani cha pansi? Mumati n'za agalu. Ku Cairo kukanakhala kelin woti andigwere? Akanandipanikiza woyamba yemweyo, dzina lanu lili pamsana!"

"Iwe mwana iwe..."

"Musandilankhule." Anatembenukira kwa Sanobar, mkwiyo womwewo uli m'maso. "Nanunso musaganize kuti ndakukhululukirani. Sindidzakukhululukirani mpaka kufa."

"Sindinapemphe," anatero Sanobar.

Anatsegula kachikwama ka m'manja, anatulutsa buledi ndi mazira owiritsa amene anakonza Lachisanu, chifukwa ankadziwa kuti pobwerera palibe adzaganize zoimika galimoto kuti iye adye. Anasenda dzira limodzi movutika ndi zala zomangazo. Anaika lina pampando pakati pa iye ndi Iroda. Linakhala pamenepo likugubuduka galimoto ikakhota.

Akutafuna, anawerengera zimene zinali patsogolo. A Holbuvi sadzamusungira mwana, ndipo ngakhale atavomera, iye sangawasiyire, angadzabwere n'kupeza mwanayo waphunzitsidwa kumuthawa. Amayi ake omubereka ku Sherobod miyendo inkawavuta, koma mng'ono wake anali atatseka sukulu. Zovala za Lobar zambiri zinali zochapa kale. Mankhwala a chifuwa anali pawindo. Kabedi kake kanachokera kwa amayi ake omwewo, palibe anganene kuti waba.

"Bambo a Lobar."

Normurod anamuyang'ana pagalasi.

"Mawa ndikamaliza kukama ng'ombe ndikupita ndi mwana ku Sherobod. Kabedi sikalowa m'basi. Mutiperekeza, kapena ndikafunse galimoto ya aneba?"

"Ukangotuluka naye pageti mwana ameneyo," anatero a Chori, "usadzabwerenso."

"Ndikufunsa mwamuna wanga, Bambo."

Galimoto inayamba kukwera phiri, injini ikulira mokakamizika. Normurod anasintha giya. Anayang'ana bambo ake, anayang'ana msewu, anapukuta dzanja pa buluku.

"Kabediko timanga padenga," anatero. "Mudzapeze chingwe."